Cheke chikabwerera: njira yotsatira ndalama zanu mpaka kukhoti

Ndinakhalapo wolemba mabuku a ndalama pa shopu ina ya zipangizo zomangira nyumba cha ku Malangalanga kuno ku Lilongwe. Bambo wina amene ankamanga nyumba za lendi ku Area 49 anadzatenga simenti ndi malata, natisiyira cheke cha deti la kumapeto kwa mwezi. Anali kasitomala wakale, wodziwa kupereka moni. Tsikulo litakwana tinakachiika kubanki, ndipo patapita masiku angapo akubankiwo anatiimbira kuti tikatenge cheke chathu. Chinabwera ndi chidindo pamwamba komanso mawu atatu olembedwa mopingasa: Refer to Drawer.

Madzulo ake bamboyo anatulukira yekha pashopu, chipewa chili m'manja. "Pepani kwambiri achimwene," anatero kwa abwana anga, "amene tinawamangira ku Kanengo sanatilipire. Ndipatseni chimenecho, Lachisanu ndikubweretserani china." Abwana anatsegula drowa, nawapatsa. Lachisanu linafika, bamboyo osaoneka. Ife tinatsala ndi kapepala kamodzi kosainidwa ndi mnyamata wa pasaiti amene analandira simentiyo, dzina lake losawerengeka n'komwe. Ndalamazo zinadzabwera ndithu, koma modontheza, nsapato zitatha.

Akuluakulu anati fodya wako ndi amene ali pamphuno. Cheke chili ngati fodya wa pachala, mphepo ikhoza kumuulutsa. Komabe cheke chobwerera musachione ngati pepala lotha ntchito, chifukwa pamenepo pali dzina la munthuyo, siginecha yake, kuchuluka kwa ndalama ndi tsiku, zonse zolembedwa ndi dzanja lake.

Choyamba, chekecho chisachoke m'manja mwanu

Mukachitenga kubanki, pemphaninso kapepala kosonyeza tsiku limene chinakanidwa ndi chifukwa chake. Ngati banki ikupatsani chithunzi cha chekecho m'malo mwa chenichenicho, onetsetsani kuti adindapo. Kachijambulitseni mbali zonse ziwiri, chenichenicho muchiike mu envulopu n'kuchitsekera. Musalembepo kalikonse, ngakhale nambala ya foni kuseri kwake.

Mwini cheke akabwera kudzachipempha, muonetseni fotokope. Chenicheni chibwerere kwa iye tsiku limene ndalama yomaliza yalowa mu akaunti mwanu. Akabweretsa cheke china, landirani, koma choyambacho sungani mpaka chachiwiricho chitadutsa.

Kenako werengani chifukwa chimene banki yalemba, poti zifukwazi n'zosiyana kulemera. Refer to Drawer ndi ulemu chabe wa banki, tanthauzo lake n'lakuti kafunseni amene anakulemberani, ndipo nthawi zambiri mu akauntimo mumakhala mulibe zokwanira. Payment Stopped ndiye kuti mwiniwake anauza banki kuti isalipire, choncho yembekezerani kuti adzanena kuti katundu wanu anali woipa kapena sanafike. Account Closed ndi mawu oopsa kuposa onsewa, ndipo tiwabwereranso tikafika pa nkhani ya apolisi. Zina n'zokonzeka popanda mkangano, monga siginecha yosiyana ndi imene banki inasunga, kapena ndalama za m'mawu zosagwirizana ndi za m'manambala. Nthawi zina wolakwa ndinu nomwe, mwina munachipititsa deti lisanakwane, kapena munachigoneka m'drowa mpaka miyezi 6 kudutsa, pamene mabanki amati chatha mphamvu. Zikatero ngongole ikadalipo, kungoti mufunika cheke china kapena njira ina yolipirira.

Chachiwiri, mudziwitseni lero lomwe, polemba

Lamulo loyendetsa macheke m'dziko muno, Bills of Exchange Act, limayembekeza kuti amene walandira cheke chokanidwa adziwitse wolembayo mosachedwa. Musadikire kuti mkwiyo uphwe. Lembani kakalata kafupi: nambala ya cheke, banki yake, ndalama zake, tsiku limene chinakanidwa, chifukwa chimene banki yapereka, ndi kuti mukufuna ndalamazo pofika tsiku lakuti. Kapereke pamanja, iye asaine pa kope lanu. Akakana kusaina, amene mwapita naye alembe tsiku ndi nthawi imene mwapereka. Tumizaninso chithunzi cha kalatayo pa WhatsApp.

Kuimba foni n'kwabwino posunga ubale, koma mawu a pafoni sasiya mapazi. Mukamaliza kulankhulana, lembani uthenga wobwereza zimene mwagwirizana: "Monga takambirana, mwati mupereka K800,000 pa 15, yotsalayo kumapeto kwa mwezi." Munthu akangoyankha kuti "chabwino bwana, ndiyesetsa," wavomera kale kuti ngongole ilipo.

Chachitatu, sonkhanitsani mbiri ya ngongoleyo

Apa ndi pamene ambiri amagwera, ndiye ndikhalitsapo.

Mwalamulo muli ndi njira ziwiri. Mukhoza kusumira pa cheke chenichenicho, kapena pa ngongole imene chekecho chimafuna kulipira. Cheke chimatengedwa ngati malipiro odikira kuti banki ivomere, kotero chikakanidwa, ngongole yoyamba ija imadzukanso. Loya wodziwa ntchito yake amaika zonse ziwiri m'chikalata chimodzi.

Kukoma kwa kusumira pa cheke n'kwakuti lamulo limayamba n'kuganiza kuti amene anasaina analandirapo kanthu. Simuyamba ndinu kutsimikiza kuti simenti inafika. Iyeyo ndi amene ayenera kufotokoza chifukwa chimene analembera cheke ngati panalibe chimene anapatsidwa. Zodzitetezera zake n'zochepa: kuti siginechayo si yake, kuti anamunamiza kapena kumuopseza kuti asaine, kuti mgwirizanowo unali wophwanya malamulo, kapena kuti sanalandire chilichonse. Dandaulo loti malata ena anali opindika kawirikawiri silikwanira kuimitsa cheke, amauzidwa kuti alipire kaye, za malatazo akasume payekha. Pamwamba pa ndalama za pachekepo mukhozanso kupempha chiwongoladzanja kuyambira tsiku limene munachipereka kubanki.

Koma musagone poti lamulo layamba lili mbali yanu. Wangongole wochenjera amafika m'khoti n'kunena kuti chekecho chinali chikole chabe, kapena kuti analipira kale theka pamanja. Akatero, woweruza amatembenukira kwa inu, ndipo m'manja mwanu muyenera kukhala mayankho a mafunso anayi. Munagwirizana chiyani? Inu mbali yanu munaichita? Analipirapo zingati? Zotsala zinayenera kulipidwa liti?

Za mgwirizano, funani kotesheni, oda imene analemba, invoisi, kapena mauthenga amene munkakambirana mtengo. Pangano la pakamwa logulitsana katundu kapena lobwerekana ndalama nalonso ndi pangano, vuto lake n'lakuti limadalira mboni, ndipo mboni zimasamuka, zimaiwala, zina zimakhala pachibale ndi wangongoleyo. Za kupereka katundu, pepala lolandirira katundu ndiye mfumu. Likhale ndi dzina lowerengeka la amene analandira, tsiku ndi malo. Ngati analandira ndi folomani kapena mlonda, pezani uthenga umene mwiniwake anati "kasiyeni kwa anyamata pasaitipo." Dalaivala wa lole imene inanyamula nayenso ndi mboni, musataye nambala yake. Ngati inali ngongole ya ndalama, sitetimenti ya kubanki kapena ya Airtel Money ndi Mpamba imasonyeza tsiku ndi kumene ndalama zinapita. Za pamanja zopanda siginecha ndiye zimavuta kwambiri, ndipo pamenepo cheke chobwereracho chikhoza kukhala umboni wokhawo umene muli nawo.

Mauthenga a pafoni amalandiridwa m'khoti, lamulo la Electronic Transactions and Cyber Security Act la 2016 linatsegula khomo limeneli. Koma musangojambula timizere tokukomerani. Sungani macheza onse kuyambira pachiyambi, nambala ya munthuyo izioneka, ndipo foniyo musaigulitse pamsika wa Tsoka mlandu usanathe.

Pomaliza pa gawoli, lembani tsamba limodzi la masamu: tsiku, zimene anatenga, zimene analipira, zotsala. Lembani zoona. Ngati anakupatsani K200,000 pamanja tsiku lina, iikeni, ngakhale palibe risiti. Woweruza akakugwirani bodza la K200,000 amayamba kukayikira ndi mamiliyoni omwe.

Dzifunseninso ngati ngongole yanuyo ndi imene khoti lingaikakamize. Cheke cha mphatso, monga chimene amalume analonjeza paukwati chikabwerera, n'chovuta kuchisumira chifukwa inu simunapereke kanthu posinthana nacho. Ndalama zochokera m'malonda oletsedwa khoti silingakuthandizeni kuzitolera. Ndipo a katapila amene mumasainitsa anthu macheke opanda manambala n'kudzalembapo nokha, dziwani kuti Loans Recovery Act imapatsa khoti mphamvu yotsegulanso mgwirizano wa ngongole ngati chiwongoladzanja chili chopyola muyeso, n'kuchitsitsa. Munthu amene munamubwereka K500,000 n'kudzilembera K1,500,000 pa cheke chake akhoza kutuluka m'khoti akumwetulira kuposa inu.

Palinso nkhani ya dzina. Yang'anani pachekepo kuti akaunti ndi ya ndani. Ngati ndi ya kampani yokhala ndi Limited kumapeto, wangongole wanu ndi kampaniyo, osati bwana amene anasaina m'malo mwake, pokhapokha ngati iye analonjeza polemba kuti kampani ikalephera adzalipira ndi za m'thumba mwake. Kusumira dzina lolakwika kumadyetsa miyezi. Dzina lenileni la kampani mukhoza kulitsimikiza ku ofesi yolembetsa makampani.

Chachinayi, akapempha nthawi, agule nthawiyo ndi siginecha

Pafupifupi aliyense amapempha nthawi, ndipo nthawi zambiri kumupatsa n'kwanzeru kuposa kuthamangira kukhoti. Koma pamene akupepesapo, chipewa chili m'manja, ndiyo nthawi yomusainitsa kalata yovomera ngongole. Siifuna Chingerezi chozama ayi. Ikhoza kunena kuti: "Ine uje, wa chiphaso cha unzika nambala yakuti, wokhala ku Area 25, ndikuvomera kuti ndili ndi ngongole ya K2,400,000 kwa uje, ya simenti ndi malata amene ndinalandira pa tsiku lakuti. Cheke changa nambala yakuti chinabwerera. Ndidzalipira K600,000 pa 30 mwezi uliwonse, ndipo ndikaphonya kamodzi, zonse zotsala zidzafunika nthawi yomweyo." Asaine, mboni ziwiri zisaine, mujambule chiphasocho. Mukafuna kulimbitsa, kasainiraneni pamaso pa loya.

Kalatayi imatseka pakamwa munthu amene amafuna kudzati sakukudziwani. Ilinso ndi ntchito ina. Lamulo la Limitation Act limapereka zaka 6 zoti musumire ngongole ya pa mgwirizano, zikadutsa khoti likhoza kukana kumva nkhani yanu. Wangongole akavomera polemba n'kusaina, kapena akalipirako pang'ono, zakazo zimayambiranso kuwerengedwa.

Komatu zaka 6 zisakupusitseni. Mu November 2023 kwacha inatsitsidwa mphamvu ndi 44 peresenti tsiku limodzi, pambuyo pa 25 peresenti ya mu May 2022. Amene ankadikira ndalama za simenti nthawi imeneyo, pozilandira sizinagulenso matumba omwewo. Wangongole akamachedwa amakhala ngati wabwereka ndalama kwa inu popanda chiwongoladzanja, ndipo iye amadziwa zimenezo. Wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko.

Nanga apolisi?

Anthu ambiri cheke chikangobwerera amathamangira kupolisi, n'kubwerako atakwiya atauzidwa kuti "akulu, iyi ndi ya civil, pitani kukhoti." Wapolisiyo nthawi zambiri amakhala akunena zoona. Malamulo aakulu a dziko lino, pa gawo 19, amanena kuti munthu asamangidwe chifukwa cholephera kukwaniritsa mgwirizano. Kukhala ndi ngongole pakokha si upandu.

Upandu umalowa pamene pali chinyengo. Gawo 319 la Penal Code, lamulo la milandu ya upandu, limalanga munthu wotenga katundu kapena ndalama za wina pomunamiza, ali ndi cholinga chomubera. Munthu amene wakulemberani cheke cha akaunti imene anaitseka kalekale, kapena cha m'buku la munthu wina, kapena wasaina mwadala siginecha yabodza, n'kunyamula katundu wanu pompo, ameneyo nkhani yake ikhoza kupita kwa apolisi oona za chinyengo cha ndalama, amene timangowati a Fiscal. Zimavutirapo ngati chekecho chinali cha deti la kutsogolo ndipo nonse munkadziwa kuti ndalama zidzalowa mtsogolo, chifukwa pamenepo anakupatsani lonjezo, ndipo lonjezo losakwaniritsidwa n'losiyana ndi bodza la zimene zilipo lero. Zimavutanso ngati katunduyo anatenga kale pangongole, cheke n'kubwera pambuyo, poti si chekecho chimene chinakuchititsani kumupatsa katundu.

Ngakhale atamangidwa, cholinga cha mlandu wa upandu ndi kulanga. Khoti likhoza kulamula kuti akubwezereni, koma munthu ali kundende ya Maula sapanga ndalama. Ine ndimaona kuti ngati chimene mukufuna ndi ndalama zanu, njira ya kupolisi muziisungira akuba enieni.

Pali zinthu ziwiri zimene mkwiyo ungakuchititseni, n'kusandutsa inu woimbidwa mlandu. China ndi kupita ndi anyamata kukanyamula TV kapena galimoto yake popanda chilolezo cha khoti. China ndi kuika chithunzi chake pa Facebook n'kumutcha wakuba. Lamulo lomwe lija la 2016 limene limalola mauthenga anu kukhala umboni limaletsanso kuzunza munthu kudzera pa intaneti, ndipo akhozanso kukusumirani kuti mwamuipitsira mbiri.

Chachisanu, kalata yomaliza, kenako chisamani

Malonjezo akaphonyedwa kawiri, lekani kuimba foni. Lembani kalata yomaliza yomupatsa masiku 7 kapena 14, yonena ndalama zenizeni ndi kuti akapanda kulipira mukasuma. Ikachokera kwa loya imalemera kwambiri, ndipo angongole ambiri amapeza ndalama sabata yomweyo. Musanamupatse ntchito loyayo, mvanani za malipiro ake polemba.

Khoti loyenera limadalira kuchuluka kwa ndalama. Ngongole zocheperapo zimapita kwa majisitireti, kumene anthu ambiri amadziimira okha, ndipo akalaliki a kukhoti amakuuzani ngati ndalama zanu zikugwera kumeneko ndi zimene mulipire potsegula mlandu. Zikuluzikulu zimapita ku High Court, imene ili ndi nthambi yoona milandu ya zamalonda kuno ku Lilongwe. Amene sangakwanitse kulipira loya akhoza kukafunsa ku Legal Aid Bureau ngati angathandizidwe. Popita nyamulani mafotokope a zonse, oikidwa motsatira masiku, zenizenizo zikhale m'chikwama.

Chisamani chikatuluka chiyenera kufika kwa munthuyo motsatira malamulo, ndipo pakhale umboni woti chinafika. N'chifukwa chake muyenera kudziwa kumene amagona kapena kumene ofesi yake ili, osangoti "amapezeka m'tauni." Akapanda kuyankha m'masiku amene apatsidwa, mukhoza kupempha chigamulo iye palibe. Akayankha koma zonena zake zili zopanda mutu, malamulo a High Court a 2017 amalola kupempha chigamulo chachangu popanda kuitana mboni, ndipo mlandu wa cheke chobwerera ndi umodzi mwa imene imayenda bwino panjira imeneyi. Ngati pali mkangano weniweni, malamulo omwewo amafuna kuti muyambe mwakhala pansi pamaso pa woweruza kuyesa kugwirizana. Mukagwirizana zolipira pang'onopang'ono, pemphani kuti mgwirizanowo ulembedwe ngati lamulo la khoti, kuti akaphonya musayambirenso pachiyambi.

Chachisanu ndi chimodzi, kusandutsa chigamulo kukhala ndalama

Tsiku lopambana mlandu anthu amatuluka m'khoti akuyembekeza kuti ndalama azipeza pakhomo. Amene akuzengereza zaka ziwiri sasintha chifukwa cha pepala lina. Muyenera kubwereranso kukhoti kukapempha lamulo lokakamiza. Lodziwika kwambiri ndi lotuma masherifu kukalanda katundu wake n'kumugulitsa pa okushoni. Masherifu sangalote kumene katunduyo ali, ndinu amene muwalozere: galimoto yakuti imagona pakuti, makina osakanizira simenti ali pasaiti ya ku Area 49. Onetsetsani kuti katunduyo ndi wakedi, chifukwa akakhala wa mkazi wake kapena wobwereka, mwiniwake adzabwera kudzatsutsa ndipo ndalama zolipira masherifu mudzaziluza.

Njira ina ndi kupempha khoti kuti ligwire ndalama zake zimene zili m'manja mwa ena, monga kubanki kapena kwa amene anawamangira nyumba koma sanamulipire. Apa cheke chija chimagwiranso ntchito yomaliza, poti pamenepo palembedwa dzina la banki, nthambi yake ndi nambala ya akaunti. Tsiku limene chinabwerera munalibe ndalama mu akauntimo, koma munthu wa bizinesi akaunti yake siikhala youma mwezi wonse. Ngati mukudziwa nthawi imene amalandira malipiro, muuzeni loya wanu kuti pempholo lilowe masiku amenewo.

Musanayambe ulendo wonsewu, khalani pansi ndi pensulo. Ikani ndalama zotsegulira mlandu, za loya, za masherifu, za thiransipoti, ndi masiku amene shopu idzatsekedwe inu muli pabenchi kukhoti. Mukapambana khoti likhoza kulamula kuti iye abweze zina mwa zimenezi, koma zimayamba kutuluka m'thumba mwanu. Kenako funsani anthu ngati munthuyo ali ndi kanthu kogwirika. Ngati ali ndi ngongole kwa anthu khumi ndipo nyumba ndi ya lendi, mwina kulandira theka lero ndi kalata yosainidwa ya zotsalazo n'kopindulitsa kuposa chigamulo chokongola. Ngati ali ndi malole awiri ndipo akungokuyesani, pitani naye mpaka kumapeto, envulopu ija ili m'chikwama.